Za Mbulunga Zowala m'Nyanja za m'Nthano

Dziko la Mfumu Chikwa liri m'cigwa ca Luangwa, m'boma la Chama, ca kumpoto kwa cigawo ca Kum'mawa m'Zambia. Ndi dziko la Asenga, kumene anthu alima mpunga m'madambo ndi kucezera usiku kuingitsa njobvu m'minda. Nyanja kulibeko. Nyanja ya Malawi iri kum'mawa, kuseri kwa mapiri a Viphya, ndipo nyanja yaikulu ya mcere iri kutali makilomita oposa 700. Anthu ambiri a kumeneko amabadwa, nakula, nakalamba osaonako madzi opanda tsidya lina.

Ngakhale ziri tero, mnyamata wa kwa Chikwa amene wafika ku sekondale, kapena amene wabwereka lamya ya mkulu wace, amakomana ndi nyanja zambirimbiri. Zina aziwerenga m'mabuku, zina aziona m'kanema, zina m'masewera a pa lamya. Zimenezi si nyanja za pa mapu, koma zopeka. Ndipo mwa zodabwitsa zimene opeka akonda kuikamo, cobwerezedwa kawirikawiri ndi mbulunga zowala zimene zibadwa pansi pa madzi usiku, ndi kukwera pang'onopang'ono, zina zobiriwira, zina zofiira, popanda munthu wodziwa kumene zacokera. Wophunzira amene wayamba kulemba nthano zace sacedwa kutengera cimeneci, nadzaza kope lace ndi nyanja zoyaka.

Nkoyenera tsono kufunsa kuti nthano yotere ikhala yabwino liti, ndipo ikhala yacabe liti. Funsoli si lacibwana, pakuti kuwala koonekera usiku si nkhani ya m'mabuku mokha. M'midzi yambiri kuwala kotero kwadanitsa abale, ndi kucotsa nkhalamba pa mudzi umene inamanga yokha. Wolemba amene atola moto umenewu ayenera kudziwa cimene watola.

Coyamba cimene woweruza nthano zotere ayenera kudziwa ndi cakuti nyanja ya mcere imawaladi. Opeka sanayambe okha nkhaniyi. Anaimva kwa amalinyero. M'madzi a mcere muli tizilombo tating'onoting'ono, tina tochedwa Noctiluca, timene timaphethira kuwala kobiriwira madzi akabvundulidwa, kotero kuti nkhafi ndi mcira wa nsomba zisiya mkwasa wa moto pambuyo pace. M'caka ca 1947 Thor Heyerdahl wa ku Norway ndi anzace 5 anaoloka nyanja ya Pacific kucokera ku Peru pa bwato la mitengo yomangidwa pamodzi, ndipo anakhala pa madzi masiku 101. Iye anasimba kuti usiku wina ankaona mbulunga zazikulu za kuwala pansi pa madzi, zoyaka kanthawi ndi kuzimanso monga nyali zamagetsi. Amalinyero ena, makamaka a pa nyanja ya India, anasimba za cinthu coposa pamenepo: nyanja yonse kuyera mbee ngati mkaka usiku wopanda mwezi, kuyambira pamene pali combo kufikira kumene maso alekeza.

Kwa zaka zambiri nkhani ya nyanja ya mkaka inali ya amalinyero okha. Koma pa 25 Januwale 1995 combo ca malonda ca ku Britain, dzina lace Lima, cinalowa m'madzi otere pafupi ndi Somalia, ndipo a m'combomo analemba tsiku ndi malo. M'caka ca 2005 Steven Miller ndi anzace a ku America anafufuza zithunzi zimene satelaiti inajambula usiku womwewo, napeza banga lowala pamalo pomwepo, lalikulu makilomita 15,400 m'bwalo lace, ndiko kunena ngati theka la nyanja ya Malawi. Akatswiri ayesa kuti kuwala kotere kucokera kwa mabakiteriya osawerengeka amene awala onse pamodzi akaculuka. Ndipo moto wa zamoyo zotere ndi wa mtundu umodzi ndi moto umene mwana aliyense wa kwa Chikwa anaugwirapo m'manja, ndiwo wa ciphaniphani. Raphaël Dubois wa ku France anasonyeza m'zaka za 1885 ndi 1887 kuti m'thupi mwa zamoyo zowala muli zinthu ziwiri zimene zikakomana zitulutsa kuwala kosatentha. Cifukwa cace ciphaniphani siciocha dzanja.

Motero wolemba nthano ya nyanja yowala sayamba pa bodza. Ali ndi coonadi m'dzanja limodzi ndi ufulu wopeka m'dzanja linalo. Cimene cisiyanitsa mmisiri ndi wongoyesa ndi ici: kuwalako kukaoneka, acita nako ciani? Njira zimene anthu atsata ndi zitatu. Pali kufotokoza kuwalako. Pali kukusiya kosafotokoza. Ndipo pali kukupezera mwini.

Njira yoyamba ndi ya Jules Verne, Mfalansa, amene buku lace Vingt mille lieues sous les mers linatuluka m'zaka za 1869 ndi 1870. Nkhani yace iyamba ndi cinthu cacikulu cowala cimene cioneka m'nyanja zosiyanasiyana ndi kuboola zombo, anthu nayesa kuti ndi cinsomba coopsa. Pambuyo pace cidziwika kuti ndi combo coyenda pansi pa madzi, ndipo kuwala kwace nkwa magetsi. M'kati mwa ulendo, kumapeto kwa mwezi wa Januwale, combocho cipyola nyanja ya mkaka ku Bay of Bengal, ndipo mphunzitsi Aronnax afotokozera mnyamata wace Conseil kuti kuyerako kwadza ndi tizilombo tosawerengeka.

Verne ayenera kutamandidwa pa cinthu cimodzi cacikulu: analemekeza mboni. Zimene amalinyero ananena iye sanazinyoze, ndiponso sanazikometsere. Ndipo patapita zaka zoposa 130 satelaiti inamcitira umboni. Wowerenga atseka bukulo akudziwa zambiri za nyanja kuposa pamene analitsegula. Koma njira imeneyi iri ndi cirema cace. Codabwitsa ciri conse cikangooneka, mphunzitsi afika msanga ndi dzina lace, ndipo masamba ena angodzala maina a nsomba monga kaundula wa msonkho. Kuwala kumene kwafotokozedwa kusanaopse munthu kufanana ndi mwambi umene woponya waumasulira yekha anzace asanayese. Cimene cacititsa kuti bukulo likhalebe ndi moyo si tizilombo ta Aronnax ai, koma Nemo, mwini combo, munthu wa cisoni ndi mkwiyo amene anathawa anthu anzace nakabisala pansi pa madzi. Kumbuyo kwa kuwala kunali munthu, ndipo munthuyo ndiye cinsinsi cimene Verne sanacimasule m'bukumo.

Njira yaciwiri ndi ya Stanisław Lem wa ku Poland, m'buku lace Solaris la m'caka ca 1961. Iye anapeka dziko lakutali pakati pa nyenyezi, lokutidwa ndi nyanja imodzi yamoyo. Nyanjayo iumba pamwamba pace zinthu zazikulu ngati mapiri ndi mizinda, niziphwanyanso. Anthu anzeru aiphunzira zaka zambirimbiri, nalemba mabuku odzaza nyumba, napatsa dzina ciri conse cimene nyanjayo yaumba; koma palibe mmodzi adziwa cifukwa cace icita zimenezi. Tsono nyanjayo iyamba kutumizira munthu aliyense wokhala pamenepo mlendo wocokera m'cikumbumtima cace. Kelvin, mwini nkhani, adzuka m'mawa napeza pambali pace mkazi amene anadzipha zaka zapitazo atayambana naye.

Pano mpamene paoneka luso loposa. Lem sanena kuti nyanjayo ndi mulungu, kapena mdani, kapena mwana wosewera. Aisiya cete. Koma posafotokoza nyanja, afotokoza munthu. Pakuti amene anadza kudzayesa madzi apezeka kuti ndiye ali kuyesedwa. Wowerenga wa kwa Chikwa, ngakhale sanaonepo nyanja, angamve bukuli msanga kuposa la Verne, cifukwa adziwa kuti wakufa amene sanapepesedwe sagona, ndipo amabwera m'maloto. Colakwa ca Lem ncakuti nthawi zina atalikitsa mbiri ya anzeru aja kufikira wowerenga atopa. Koma ngakhale kutopako kuli ndi nchito, popeza kumlawitsa kulephera kwao.

Njira yacitatu siipezeka m'mabuku kwenikweni, koma pa bwalo ndi pa mtondo, ndipo ndiyo yakale kuposa zonse. Anthu akaona kuwala kumene sakudziwa, afunsa kuti nkwa yani. Pa mtsinje wa Mekong, m'malire a Thailand ndi Laos, anthu zikwizikwi amasonkhana m'mwezi wa Okutobala, pa kutha kwa nyengo yobindikira ya Abuda, kudzaona mbulunga zofiira zimene zioneka ngati zituluka m'madzi ndi kukwera kumwamba. Eni dziko amati ndi moto wa Naga, cinjoka ca m'madzi. M'caka ca 2002 kanema wina wa ku Thailand anaonetsa asilikali a tsidya la Laos akuombera m'mwamba zipolopolo zowala, ndipo anthu ambiri anakwiya naye kwambiri. Kuno nakonso madzi ali ndi eni ace: cigumula ca ku Zomba ca mu Disembala 1946 anthu anati ndi Napolo, ndipo Atonga a ku Zambezi anati madzi amene anasokoneza omanga damu la Kariba mu 1957 ndi 1958 anali mkwiyo wa Nyaminyami. Mwini wotere sapweteka munthu pomchula. Napolo alibe mbumba, ndipo palibe amene angamtenthere nyumba.

Bvuto lifika pamene mwini wa kuwala ayesedwa munthu wa pamudzi pomwepo. M'maiko ambiri a Afrika anthu amati mfiti iyenda ndi moto usiku. E. E. Evans-Pritchard, amene anakhala pakati pa Azande a ku Sudan pakati pa 1926 ndi 1930, anasimba m'buku lace la mu 1937 kuti iye mwini anaona kuwala kotere kamodzi. Ali kuyenda m'munda mwace pakati pa usiku, kuwala kwakukulu kunapita kuseri kwa nyumba za anchito ace kulinga ku mudzi wa mnansi. Ndipo m'mawa mwace kunamveka kuti nkhalamba ina ya pa mudzi umenewo yamwalira. Iye anaganiza kuti kapena unali muuni wa udzu wa munthu wopita kuthengo, koma anabvomera kuti zinthu ziwirizo zinalumikizana bwino lomwe ndi maganizo a Azande. Nkhani imeneyi isonyeza m'mene nthano yoipa ibadwira. Kuwala kunalipodi, imfa inalipodi, cimene mtima wa munthu uonjezapo ndi cingwe comanga ziwirizo, ndipo cingweco cimafuna khosi.

Khosilo silikhala la mlendo. Max Marwick, amene anafufuza za ufiti pakati pa Acewa a m'boma la Fort Jameson, limene lero ndi Chipata, nasindikiza buku lace mu 1965, anapeza kuti oganizirana ufiti kawirikawiri anali a bele limodzi, okangana za ng'ombe, za cuma ca masiye ndi za unyakwawa. Pamene a Mcape anayendayenda m'Nyasaland ndi m'Northern Rhodesia ca m'ma 1933 ndi 1934, ankaimika anthu pa mzere ndi kuwayang'ana pa kalilole. Ndipo kalilole, monga adziwa aliyense, alibe nkhope yaceyace, angobweza imene wapatsidwa. Boma linaika lamulo mu 1911 ku Nyasaland ndi mu 1914 ku Northern Rhodesia loletsa kuchula munthu mfiti, koma lamulo silizima moto wa m'maso mwa munthu wamantha. Cotero njira yacitatu ndiyo yamphamvu kuposa zinzace, ndiponso yoopsa kuposa zinzace. Wolemba amene atenga mbulunga yowala naipereka kwa nkhalamba ya kumapeto kwa mudzi, kuti owerenga anjenjemere, sanapeke kanthu katsopano. Wangothira mafuta pa moto umene uli kale m'mudzi.

Komatu makolo anali ndi nzeru pa zimenezi, ndipo ofuna kulemba acita bwino kuiphunzira asanathamangire za kutsidya kwa nyanja. Nthano ya makolo inali ndi khomo lolowera ndi khomo loturukira. Pa Cinyanja wokamba amati "Padangokhala," omvera nayankha "Tiri tonse". Asenga ndi Atumbuka ali nao mau ao a nchito yomweyo. Mau amenewa ali ngati mpanda. Onse okhala pa moto adziwa kuti m'kati mwa mpandawo kalulu alankhula, ng'oma imeza mwana, ndipo pansi pa dziwe pali mudzi. Adziwanso kuti nthano ikatha abwerera ku mudzi wao weniweni, kumene gogo ndi gogo basi. Ana ankaletsedwa kukamba nthano usana, ndipo ngakhale cifukwa cace cina cinali ca nchito ya kumunda, lamulolo linkaphunzitsanso kuti zopeka ziri ndi nthawi yace ndi malo ace. Mphekesera ya moto wa mfiti ndi nthano imene yatyola mpanda: iribe "Padangokhala," ikambidwa usana, ndipo ichula dzina la munthu wamoyo.

Ndiponso cowala ca m'nthano ya makolo sicinali cokongoletsa cabe. Pali nthano yodziwika m'maiko ambiri a Afrika ya msungwana amene alowa m'dziwe kutsata mikanda yace, napeza pansi pa madzi nkhalamba ya zironda imene impempha kuti aisambitse. Iye acita mosanyansidwa, naturuka atabvala zonyezimira. Mnzace wa nsanje alowa m'dziwe lomwelo, nanyoza nkhalambayo, nalandira tsoka. Zonyezimira za m'dziwe limeneli ziri ndi lamulo: zipatsidwa kwa wacifundo. Ziri ndi mtengo: munthu ayamba wagwira zironda. Ndipo ziulula mtima wa amene wazifuna. Ncoyeneranso kuona kuti m'nthano imeneyi nkhalamba yokhala yokha m'malo oopsa si mfiti, koma mwini madalitso. Amene anaipeka anadziwa bwino cimene anafuna kuti ana aganize akakomana ndi nkhalamba ya zironda pa njira ya kumadzi.

Poyesa ndi muyeso umenewu, nthano zambiri za masiku ano za nyanja zowala zipezeka zopepuka. Colakwa cao coyamba ndi kusowa lamulo. Mbulunga zibadwa pamene wolemba wafuna, zicita ciri conse cimene nkhani yasowa, lero ziciza, mawa zipha, mkuja zitsegula khomo. Cinthu cimene cingathe zonse sicidabwitsa, pakuti wowerenga alibe poimira kuti ayembekeze kapena aope. Colakwa caciwiri ndi kusowa mtengo. Mnyamata wa m'nkhani atola mbulunga monga atolera masuku, nalandira mphamvu osataya kanthu. Aturuka m'nyanja ali yemwe uja analowa, kungoti tsopano awala. Colakwa cacitatu ndi kubwereka maso. Wolemba afotokoza mafunde amene sanawamve, mcenga umene sanaupondepo, ndi mitundu ya kuwala imene anaiona pa galasi la lamya. Ndipo popeza sanaone yekha, mau ace onse ndi aja a onse: zokongola, zodabwitsa, zosaneneka. Akale anati cikomekome ca nkhuyu, m'kati muli nyerere. Koma nkhuyu zina ukazing'amba mulibe ngakhale nyerere.

Sikuti mwana wa m'cigwa aletsedwa kulemba za nyanja. Verne sanayende pansi pa madzi, ndipo Lem sanafike ku nyenyezi. Koma onse awiri anamanga zopeka zao pa cinthu cimene anacidziwa bwino, wina pa mabuku a amalinyero, wina pa mtima wa munthu wolakwa. Wolemba wa kwa Chikwa nayenso ali naco cace. Madzi osakhala a mcere sawala okha monga acitira a m'nyanja yaikulu. Zamoyo zowala za m'mitsinje nzosowa kwambiri, ndipo yodziwika ndi kankhono kena ka ku New Zealand. Zowala zimene mlendo aziona usiku pa nyanja ya Malawi, zondandalika ngati mudzi woyandama, ndi nyali za asodzi zoitanira usipa. Cotero Luangwa sadzayera ngati mkaka. Koma usiku wa m'cigwa uli nazo nyali zacezace, ndipo nzokwanira.

Mvula ikagwa, madambo a mpunga adzala ziphaniphani, ndipo kuphethira kwao si masewera: ndi cinenero cimene amuna ndi akazi a mtunduwo aitanirana naco. Luangwa akasefukira nabwerera, asiya mathamanda m'makhwawa ace akale. Munthu akaunika pamenepo ndi nyali ya m'manja aona timbulunga tofiira tiwiritiwiri toyandama pa madzi, tosaphethira, ndipo ndi maso a ng'ona, amene ali ndi kanthu kumbuyo kwace kobweza kuwala. M'cilimwe lupsa likwera mapiri usiku ngati mkanda wa moto wopacikidwa m'mwamba. M'matope a pansi pa dambo muli mpweya umene ubadwa zomera zikaola. Alessandro Volta wa ku Italy anautapa m'bango la nyanja ya Maggiore mu Novembala 1776, nasonyeza kuti umayaka. Ku Ulaya nakonso anthu akale ankasimba za timoto toyenda pa madambo, namati ndi mizimu yosokeretsa apaulendo, ndipo anzeru ena anayesa kuti gwero lace ndi mpweya womwewo. Pamwamba pa izi pali muuni wa msodzi, moto wa pa nsanja ya wolonda njobvu, ndi nyali ya munthu wopita kukaitana mzamba.

Ziri zonse mwa izi zingabale nthano yoposa nyanja khumi zobwereka, cifukwa ziri ndi lamulo ndi mtengo kale. Maso a ng'ona ndiwo mbulunga zowala zenizeni: akongola, ali cete, ndipo amene awayandikira sabwerera. Wolemba amene anaimapo pa thamanda usiku, mtima uli phaphapha, akafuna kupeka nyanja yace adzadziwa kutalika kwa mpata wa pakati pa mbulunga ziwiri, ndipo wowerenga adzaopa asanauzidwe coopa. Kuona maso a nkhono nkudekha. Ndipo kudekha kumeneku, kwa kuyang'anitsitsa cinthu ca pakhomo kufikira cionetse cacilendo cace, ndiko kumene kusowa m'nthano zothamangira kunyezimira.

Pali nthano imodzi imene cigwa ciyembekeza, ndipo ifuna wolemba wolimba mtima. Ndiyo ya kuwala kumene kuoneka pa dambo usiku utatu, mwana wa pamudzi nadwala. Wolemba wa njira ya Verne adzatumiza mphunzitsi ndi botolo kukatapa mpweya, ndipo nkhani idzatha mwamtendere koma mosakhutitsa, pakuti anthu a mantha samva za botolo. Wolemba waulesi adzatsata kuwalako kufikira pa khomo la mkazi wamasiye, owerenga nakondwa, nacoka ali oipa kuposa m'mene anadzera. Koma mmisiri adzasiya kuwalako pa dambo pomwepo, osakufotokoza ndi osakupatsa mwini, natembenuza maso ace kuyang'ana mudzi: ndani anayamba kunena, ndani anali ndi mangawa kwa mkaziyo, ndani anakhumbira munda wace wa mpunga, ndani anadziwa coonadi nakhala cete. Pamenepo mbulunga yowala idzagwira nchito imene nyanja ya Lem inagwira, ndi imene dziwe la makolo linagwira, ndiyo kuunika amene adza kudzaiona.

Muyeso tsono ndi uwu. Nthano ya zowala za m'madzi isayesedwe ndi kuculuka kwa kuwala kwace, koma ndi cimene kuwalako kwaonetsa. Ngati wowerenga aitseka atadziwa kanthu koona ka cilengedwe, wolemba wacita bwino. Ngati aitseka atadziwa kanthu koona ka mtima wace, wolemba wacita bwino koposa. Koma ngati aitseka nayamba kuyang'ana mnansi wace ndi diso lina, bwenzi kuli bwino nthanoyo ikadakhala yosalembedwa. Mwana amene wagwira ciphaniphani aphunzira msanga kuti akafumbata kwambiri cifa, ndipo akatambasula dzanja cithawa. Amene afuna kuciona bwino acita kacisa ndi manja ace awiri, nasuzumira pa mpata wa zala. Wolemba wa zodabwitsa afunika dzanja lotero.